Makina Ogwirira Nthawi a pa Mlatho

Dzuwa linali litalowa kalekale, mvula ya madzulo itasiya nkhungu m'madambo, pamene Gregório anatseka kashedi kake kokonzeramo njinga pa Nsadzo. Anachedwa ndi kuwongola limu ya njinga ya anamwino. Kwawo kunali kutsidya kwa mtsinje, ndipo ankayenda pansi. Sanafulumire. Chibwerereni kuchokera ku Zambia nkhondo itatha, kunyumba kunalibe womudikira. Tsiku limene mudzi unathawa, iye anali atatsogola kukafufuza njira, ndipo mkazi wake Belmira anaponda bomba lokwirira pansi pa msuku, pafupi ndi mlatho.

Atayandikira mlathowo anamva tcheni ikulira. Tche... tche... tche...

Pakati pa mlatho panali munthu wovala shati yoyera, atanyonyomala pambali pa njinga yogadamitsa. Mawaya ankachoka pa dinamo n'kulowa m'bokosi la wailesi yakale, ndipo pamwamba pa bokosilo panamangidwa wotchi yopanda mivi.

"Zikomo, bambo," anatero Gregório. "Yawonongeka?"

"Siinawonongeke, amisiri. Ikusowa dzanja lofunda." Munthuyo sanadzutse mutu. "Awa ndi makina ogwirira nthawi. Masiku amene anapita ali pomwepa, kuseri kwa lero, koma amagwedezeka ngati madzi a m'beseni. Makinawa amawakhazika kuti munthu awoloke. Tandipalasirani. Osafulumira, osaima."

Gregório anaganiza kuti ndi mmodzi wa anthu amene nkhondo inawasokoneza mutu. Anamva chisoni, nagwada, nagwira pedulo. Chitsulocho chinali chozizira ngati mwala wa mumtsinje.

Dinamo inalira. Wotchi inayaka. Nkhungu inang'ambika...

Kutsidya kunali masana!

Anaona anthu pamzere, mitolo pamutu, utsi kumbuyo kwawo. Anaona mbuzi ya a Jester, oyandikana nawo nyumba, ikukana chingwe. Kenako anaona kapulana yobiriwira, chitenje chimene ankachidziwa bwino. Belmira! Ankapatukira m'mphepete kuti ngolo idutse. Patsogolo pake panali msuku uja.

"Belmira! Bwerera pakati pa njira!"

Mkaziyo sanacheuke.

"Mawu sawoloka," anatero mlendoyo.

Gregório anasiya pedulo nathamanga. Gudumu linafooka. Masana anazima. Manja ake anagwira nkhungu yokhayokha. Anabwerera, napalasanso, ndipo kuwala kunabwerera. Belmira anali atayandikira msukuwo.

"Palasani ndinu, ine ndipite!"

"Ndikanatha, ndikanakudikirani?"

"Ndiye wolokani, mukamukoke!"

"Kutsidyako ine ndilipo kale. Makinawa amafuna amoyo awiri, wopalasa ndi wowoloka. Koma pano usiku anthu amadutsa mmodzimmodzi."

Gregório anayang'ana kumapeto kwa mzere. Shati yoyera... ana a sukulu akuitsatira...

Tsitsi linamuimirira. Anakankhira pedulo chambuyo ndi mphamvu zake zonse. Tche tche tche tche! Tcheni inangoseka, gudumu likupitabe kutsogolo. Ankadziwa bwino, iye wokonza njinga: njinga sipalasidwa chobwerera.

Anachepetsa dzanja. Belmira nayenso anachedwa. Anachepetsanso, mpaka kuwala kunatsala ngati koloboyi wopanda mafuta. Tsopano ankamuona bwino. Thukuta pakhosi. Chipsera cha moto padzanja. Ankakonza mtolo wake, milomo ikuyenda ngati akuimba chamumtima.

Mkono unayamba kutopa. Kusiya, amutaya. Kupitiriza, amuperekeza.

"Bambo, ndichite chiyani?"



Phazi la Belmira linanyamuka...

Gregório anatsinzina, nasiya.

Mdima. Achule. Mtsinje ukuyenda pansi pa matabwa. Panalibe njinga, panalibe bokosi, panalibe munthu. Anali yekha, atagwada, dzanja likuzungulirabe m'mwamba.

Kutacha anabwerera pa Nsadzo osagona. Amayi Yudita, amene ankagulitsa zitumbuwa pafupi ndi shedi yake, anamuyang'ana kumaso nasiya kukupiza moto. Iwo anali nawo pamzere tsiku lija. Gregório anawauza zonse, mwachidule, maso ali pansi.

"Shati yoyera, mawaya m'manja?" anafunsa amayiwo. "Amenewo ndi a pulofesolo Teodoro, aphunzitsi a pasukulu. Inu simunawadziwe, anali atangofika kumene kuchokera ku Tete. Ana ankawaseka ndi zolumikizalumikiza zawozo. Bomba litaphulika, tonse tinagona pansi. Iwo okha anathamangira kukanyamula akazi anu, naponda lachiwiri. Tinawakwirira pamodzi, achimwene. Papita zaka."



Posakhalitsa anamwino anatulukira kuchokera kuchipatala, akufunsa ngati njinga yawo yatha. Gregório anagwedeza mutu, natsegula shedi, nagadamitsa njingayo kuti aone limu. Anakankhira pedulo chambuyo kamodzi. Tche tche tche. Kenako anatenga pampu, nayamba kupopa tayala.