Zitsa za Mango

Pa 9 Okutobala 2023, Sarifa Jamalu ananyamuka ku Nkholongue, mudzi wa m'mbali mwa nyanja ku Mozambique, kulowera kumapiri ndi amuna awiri. Kampani ina ya matabwa inali itauza boma kuti m'nkhalango imeneyo simunakhalepo munthu. Sarifa, amene wakhala akutsogolera komiti ya malo chibwerereni kuchokera ku Malawi itatha nkhondo, anali atagonapo kale m'chitokosi kawiri pa nkhani zomwezi. Umboni wake tsopano unali mitengo ya mango. Mango samera okha pakati pa nkhalango. Pamene ali, panali mudzi.

Amene ankatsogolera njira anali bambo Hilal, mlenje wokalamba. Vasco, woyeza malo wa boma, ankangotsalira.

"Amayi, madzi atha. Tibwerere."

"Kodi wakutumani ndani, boma kapena kampani?"

Vasco analavula pansi.

Mawa lake masana moto unabuka kumbuyo kwawo, kumene kulibe munda wa munthu. Anathawira mumtsinje wouma, utsi ukuwatsamwitsa. Bambo Hilal anakumba mchenga ndi manja, onse anamwa madzi amatope.

"Moto uwu ngoyatsa dala," anatero mkuluyo. "Atiwona."

Atakwera chitunda anamva makina odulira mitengo akulira. Pamalo pa mudzi wakale mango onse anali pansi, utomoni ukudonthabe. Alonda atatu a kampani ija anawatulukira ndi zikwanje.

"Mayi inu, pano palibe chanu. Chokani!"

"Pamene mwapondapo m'pamene ndinabadwira," anatero Sarifa. Kenako anatembenukira Vasco. "Jambulani zitsazo. Kapena nanunso simukuziwona?"

Vasco anayang'ana zikwanje zija. Anatulutsa foni, n'kuyamba kujambula.

Mlonda mmodzi anamuthamangira. Bambo Hilal anaima pakati, mkondo uli m'manja.

"Tsatani mtsinje mpaka kunyanja. Musandidikire."

"Bambo, tiyeni tonse!"

"Ndati pita, mwana iwe!"

Sarifa anamva kukuwa kumbuyo, koma sanacheuke. Anakoka Vasco pamkono, akudutsa m'phulusa lotentha.

Anafika ku Nkholongue pa 12 Okutobala, mapazi ali matuza okhaokha. Vasco anakana kugona. Anakwera galimoto ya ku Lichinga, kumene kuli maofesi a boma, foni ataimangirira pamimba.

Boma linalandira zithunzizo, koma silinanenebe kuti malowo ndi a yani. Anthu amene Sarifa anapita nawo kukafufuza bambo Hilal sanapeze kanthu pa chitunda paja. Ana a bambo Hilal akukanabe kuchita sadaka, chifukwa palibe amene waona mtembo.