Mbozi ya Pansi pa Sefa

Kamaso ankafuna kuona gulugufe akubadwa.

Amalume ake ankajambula mafilimu a tizilombo. Kamera yawo inali ndi diso lalitali. Nyerere inkaoneka ngati galu. Ntchentche inkaoneka ya ndevu.

"Ikufanana ndi inu," anatero Kamaso.

Amalume sanaseke.

Pakhonde panali kamtengo ka mandimu m'chitini. Pamasamba panali mbozi zitatu. Zinkadya. Zinkangodya.

Amalume anali ndi lamulo limodzi.

"Sitikhudza. Timangoyang'ana."

Tsiku lina kunabwera mavu aang'ono. Anatera pa mbozi yoyamba. Anaibaya. Kamaso anafuna kuwaingitsa. Amalume anamugwira dzanja.

Patapita masiku, mbozi ija inasiya kudya. Khungu lake linabooka. Munatuluka timphutsi toyera. Amalume anati timeneto ndi ana a mavu. Anakulira m'mimba mwa mbozi.

Mbozi inafa. Kamera inkangoyang'ana.

Mbozi yachiwiri inafanso chimodzimodzi. Nyerere zinabwera. Zinainyamula. Amalume anati chithunzicho chakongola.

Inatsala mbozi imodzi.

Kamaso analowa kukhitchini. Anatenga sefa ya amayi. Anathyola kanthambi ka mboziyo. Anakaika pambale. Anavundikira ndi sefa.

Mavu anabweranso. Anazungulira. Anazungulira. Polowera panalibe.

Amalume anakwiya. Anati kamera ikungoona timabowo ta sefa. Anatambasula dzanja kuti aichotse.

"Amalume," anatero Kamaso, "sitikhudza."

Amalume anabweza dzanja. Anakanda ndevu.

M'mawa uliwonse Kamaso ankabweretsa masamba atsopano. Kenako mbozi inasiya kudya. Kamaso anakumbukira mbozi ziwiri zija.

Mbozi inadzitsekera m'chikwa. Chikwa chinali ngati tsamba louma. Sichinkagwedera. Amayi ankafunsa za sefa yawo. Kamaso ankati adikire.

Anadikira. Anadikira.

M'mawa wina chikwa chinang'ambika. Simunatuluke mphutsi. Munatuluka miyendo. Munatuluka mapiko onyowa.

Kamaso anavundukula sefa. Gulugufe anakwera pa chala chake. Anaumitsa mapiko. Anauluka.

Madzulo, onse anaonera filimu. Panaoneka mbozi ziwiri zija. Kenako panaoneka chala chachikulu ngati chipika. Chikhadabo chinali chakuda ndi dothi.

"Mwana wa ndani wosasamba ameneyu?" anafunsa amayi.

Amalume anati chalacho chawaonongera filimu.

Koma sanachidule mufilimumo.