Njinga Yomwa Masiku

Uladi anali wakabaza pa Balaka, ndipo umphawi unkamudziwa ndi dzina lomwe. Njinga yake inali yotha, matayala zigamba zokhazokha. Anzake pa siteji ankati: "Ukafuna kuchedwa ku maliro a apongozi, kwera ya Uladi." Iye ankaseka nawo, koma madzulo akaona mwana wake mmodzi yekhayo, Asiya, akuthamanga kudzamuchingamira mapazi ali mbuu, kusekako kunkamuwawa. Chinkamuwawa koposa ndi Jamali, amene anayamba naye limodzi kupalasa koma tsopano ankadutsa pa njinga yamoto, n'kumusiyira fumbi m'maso.

Mphekesera zinamutengera kwa Kawinga, kwa a Pitala, nkhalamba yomwe kale inkakonza mawotchi. Mtengo wa mango pabwalopo unali ndi maluwa, zipatso zanthete ndi zowola pa nthambi imodzi. M'nyumba munali mawotchi khoma lonse, koma palibe ndi imodzi yomwe inkayenda.

"Ndikufunse kaye, mjomba," anatero a Pitala. "N'chiyani chimatuluka mwa munthu usana ndi usiku, koma mwini wake osamva kuti akutha?"

"Thukuta?"

"Nthawi. Anthu amayesa imakhala mu wotchi. Iyayi. Nthawi ndi mphamvu, imayenda ngati madzi mu ngalande, ngati magetsi mu waya. Munthu aliyense ndi mtsuko wodontha. Ine ndinangophunzira kutchera zodonthazo. Si ufiti umenewu, ndi sayansi."

Anatulutsa kachitsulo konga dayinamo yoyatsira nyali ya njinga, kokulungidwa m'chikopa cha bilimankhwe. Anakamangirira ku gudumu la kumbuyo, n'kulumikiza waya ku kabotolo pansi pa chishalo.

"Gudumu likamazungulira, kameneka kazimwa masiku a wokhala pa kaliyala. Madzi amene azidzaza m'botolomu uzikathira ku dimba lako. Chimanga cha miyezi chizikhwima sabata isanathe."

"Nanga okwerawo sazimva kuwawa?"

"Iwe unamva kuwawa dzulo likuchoka?"

"Ndipereke chiyani, achimwene?" anafunsa Uladi.

"Sindifuna ngakhale tambala. Sunga ichi basi: gudumu lisazungulire kaliyala ali wopanda munthu. Likasowa wokwera, limamwa kwa wolizunguza. Ndipo kachitsuloka kakagwira, kagwira."

Kusafuna malipiroko kunamukayikitsa Uladi njira yonse, koma anabwerera njinga ili paphewa.

Zinachitikadi. Chilimwe chili pakati, minda ya anthu ili gwa, iye ankatula matumba a chimanga chachiwisi pa Ulongwe, okwera maminibasi n'kumalimbirana. Anakhoma malata, anagula mbuzi, Asiya anavala nsapato zofiira. Koma njinga yakale ija sanaisiye, ndipo akatsitsa munthu ankaisenza paphewa kubwerera nayo ku siteji.

"Kodi Che Uladi, njingayo ndi mkazi wachiwiri, mukuchita kumubereka chonchi?" ankatero Jamali. Ena ankaseka, ena ankangoyang'anizana.

Kenako anthu anayamba kulumikiza zinthu. Mayi Ida, mphunzitsi amene ankakwera m'mawa uliwonse, anachita imvi mutu wonse teremu isanathe. Mayi wina anakwera ndi nthochi zaziwisi n'kukatsika nazo zitabiriwira. Pa siteji, anthu ankati akamuona Uladi amadutsa n'kukakwera ya wina. Iye anayamba kuitanira kuti akwere ulere, ndipo zimenezi zinangowathawitsiratu.

"Bambo a Asiya," anatero mkazi wake Nafisa, "ine ndinabadwira m'banja la alimi. Chimanga sichithamanga chonchi. Ndipo nkhuku zathu zikuchikana. Munapita kuti inu?"

"Mukudya, mukuvala. Mafunso achani?"

"Ndikudya, koma sindikugona."

Botolo litauma, dimba linayamba kufota ngati lathiridwa madzi otentha. Mantha anamugwira Uladi, nasenza njinga ulendo kwa Kawinga. Pakhomo anapeza bambo wa tsitsi lakuda bii, msana wowongoka, akuwaza nkhuni. Anamupatsa moni ngati mlendo, kufikira bamboyo ataseka ndi mawu a a Pitala.

"Wadabwa? Mwini ngalande amamwako poyamba, mjomba."

"Chotsani kachitsulo kaja," anatero Uladi. "Anthu andizindikira."

"Ndinakuuza. Ukakazula, masiku onse unathira ku dimba kadzawafuna kwa iwe nthawi imodzi. Pita ukasake okwera. Ku Balaka sikutsika alendo?"

Uladi anamvera. Ankadikira alendo osamudziwa, n'kuwanyengerera ndi mawu okoma. Lachisanu lina, atatsitsa mlendo, tayala linaphwa. Anafika kunyumba, ndipo mwachizolowezi cha wakabaza aliyense anaigadabuza njingayo, magudumu kumwamba, kuti amate chubu. Guluu anali atauma. Nafisa anali ku mjigo. Iye anathamangira ku golosale, maganizo onse ali pa dimba.

Kodi alipo mwana amene angaone njinga yogadabuzika osazunguza pedulo?

Pobwerera, Uladi anamva kulira kwa masipoko ali patali, fyiii, ngati mphepo m'nsungwi. Anataya guluu n'kuthamanga. Pafupi ndi njinga panakhala kankhalamba kakakazi, tsitsi loyera, khungu lokwinyika, katavala diresi ya Asiya ndi nsapato zofiira. Dzanja lake linali likuzunguzabe pedulo. Botolo linali litadzaza mpaka kusefukira pansi, ndipo pomwe linkadonthera udzu unkamera, n'kuuma, n'kumeranso.

Kankhalambako kanatukula mutu, kanamwetulira m'kamwa mopanda dzino.

"Ababa, tamverani, ikuyimba."

Uladi anagwira gudumu ndi manja mpaka zala kuchucha magazi. Anatenga botolo, namumwetsa mwanayo, namuthira kumutu, akuitana dzina lake. Koma madzi otsika ngalande sabwerera kumtunda. Asiya anatsamira pa chifuwa cha bambo ake, nati watopa, ndipo anapuma komaliza dzuwa lisanapendeke. Maliro atatha, Nafisa anabwerera kwawo osatenga ngakhale supuni.

Mpaka lero, pa msewu wa pakati pa Balaka ndi Ulongwe pamayenda wamisala wosenza njinga yadzimbiri. Amaimitsa aliyense n'kumufunsa ngati angamubwereke tsiku limodzi lokha, akapatse mwana wake.

Chuma chothamanga chimakhala chitabedwa kwinakwake, ndipo mwini wake akabwera kudzalonjerera, satenga mbuzi kapena malata. Amatenga chimene umachikonda. Dyera limadya mwini. Bola kudikira mvula ndi anzako, chimanga chikhwime pa nthawi yake.