Mzere Wofiira Wodutsa Pakhomo

Namwino watsopanoyo analowa m'kashopu ka mapu chifukwa chosochera. Unali mlungu wake woyamba mumzindawo, ndipo basi inali itamutsitsa pasiteji yolakwika. Mkatimo munkanunkha inki ndi guluu, mapepala atayanikidwa pazingwe ngati zovala.

Mwini kashopuko, mnyamata wa zala zakuda ndi inki, anamuyalira pepala patebulo, iye n'kutembenukira kukhoma.

"Yang'anani nokha, achemwali. Tikayang'ana awiri, mizere imasokonekera."

Abale inu, zimene anaona mwana wamkaziyu! Misewu inayamba kuyenda papepalapo ngati nyerere zapeza shuga. Msika unasunthira pambali, njanji inapindika, ndipo mzere umodzi wofiira unachokera pomwe iye anaimapo n'kukathera pageti la chipatala chake. Anangoti kukamwa yasa, chikwama n'kugwa pansi.

Akadali choyang'ana kukhoma, Wamapu anamufotokozera kuti luso limeneli analiphunzira kwa malemu bambo ake. Mapu oterewa amasonyeza mzinda mmene amauonera munthu amene akuwayang'anayo, ndipo mzere wofiira umapita kumene mtima wake ukufunitsitsa kukafika. Pepalalo anamupatsa ulere.

Pofika mwezi wachitatu, mzere uja unali utaiwala za chipatala. Namwino akatambasula pepala pa nthawi yopuma, unkathamangira kukashopu kaja wopanda ndi manyazi omwe. Foni nayo sinkagona tulo. "Duwa langa, wadya?" "Kamtima, popanda iwe ine ndine wosochera." "Nyumba yathu ndiyamba ndaijambula, kenako ndidzakumangira." Anzake kuntchito ankamuseka kuti masiku ano akumwetulira ngakhale pobaya jakisoni.

Kenako kunabwera kalata. Anali atasankhidwa kukaphunzira uzamba kutali kwa zaka ziwiri, mwayi umene anaulirira kuyambira kalekale, ndipo akafuna kupita ankayenera kusayina pofika Lachisanu. Wamapu anamugwira manja onse awiri n'kumuchonderera kuti asapite, akwatirane chaka chomwecho.

Namwino anali wokonzeka kuing'amba kalatayo. Chinkamudya mumtima chinali chimodzi: mzere wa Wamapu anali asanauonepo. Akafunsa, ankayankhidwa moseka kuti wojambula sayang'ana ntchito yake pali anthu, limenelo ndi lamulo la bambo ake. Nanga munthu angataye tsogolo lake chifukwa cha mawu okoma okha? Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko.

Lachinayi masana anamupeza atawerama patebulo, akuona ngati inki yauma papepala latsopano. Namwino anavula nsapato pakhomo n'kunyang'ama mpaka kumbuyo kwake. Anatsinzina kuti maso ake asasokoneze mizere, nakweza foni pamwamba pa phewa la mnzakeyo n'kujambula. Foni ilibe mtima, imangotola zimene yapeza. Wamapu anamva kaphokoso n'kutembenuka, koma zinali zitatha kale.

Chithunzicho namwino anachiyang'ana ali chiimire. Chibadwire sanaonepo mzinda wokongola chotero. Mitengo imene inadulidwa kale inali itabwerera m'misewu, mlatho umene unagwa unali bwinobwino, ndipo timakwalala timene iye ankangotidutsa tinkawala. Nyumba ya namwinoyo inalipo, yojambulidwa mosamala, ndi maluwa a pawindo omwe. Mzere wofiira unafika pakhomo pakepo, unakhota pang'ono ngati munthu wopereka moni, n'kupitirira. Unawoloka njanji n'kukaima panyumba ina ya geti lobiriwira.

"Kumeneku kumakhala ndani?"

Wamapu anakhala pansi. Anaulula kuti kumakhala mkazi amene anamukwatira zaka zinayi zapitazo n'kumusiya, ndipo ukwatiwo sanauthetse mpaka lero. Analumbira kuti sapondako phazi, ndiponso kuti m'mawa uliwonse amatsegula mapu akupemphera kuti mzerewo uime pakhomo pa namwinoyo.

"Ndimati tikakwatirana udzaima, Kamtima. Ndimakukonda ndithu."

"Umandikonda podutsa," anatero namwino.

Zinamupweteka koopsa, makamaka poona kuti misozi ya mnyamatayo sinali yabodza. Akanakhala kuti ndi mambala wamba, bwenzi atamutukwana n'kupepukidwa.

Wamapu anafunsa motsitsa mawu ngati mzere wa namwinoyo nawo wasintha. Namwino anatulutsa pepala lake la mapu m'chikwama n'kulisiya patebulo lili chipindire, poti ankadziwa bwino lomwe kumene likanaloza. Kenako anatulutsa kalata ija n'kupempha cholembera.

"Usatero, Duwa langa."

"Tandigwirira kalatayi isatsetsereke."

Wamapu anaigwira. Namwino analemba dzina lake lonse.