Amene Alibe Wezulo Si Wathu

Dzuwa linali litapendeka pamene Telala anayamba kulowetsa makina ake osokera m'nyumba. Inali ntchito ya tsiku ndi tsiku: kuchotsa lamba, kunyamula mutu wa makina pachifuwa ngati mwana wodwala, kenako kubwerera kukakoka miyendo yake yachitsulo, khwee, khwee, pasimenti ya pakhonde. Kale ankangowafunditsa nsalu n'kuwasiya panja, koma chaka chimenecho m'mudzimo munalowa akuba. Mbuzi zinkasowa m'khola, mabatire a sola ankazulidwa, mpaka zovala zapachingwe munthu ankachita kuzikhalira pansi kuzilondera.

Anthu ali mkati modandaula, kunatulukira bwana wina wofuna mpando wa ukhansala, amene onse ankangomutchula kuti a Tivotereni. Anafika pagalimoto ndi katoni ya mawezulo ofiira, mtundu wa chipani chake, iliyonse ili ndi chingwe chovalira m'khosi. "Apolisi ali kutali," anatero bwanayo, "apolisi anu ndinu nomwe." Lamulo lake linali lalifupi moti ngakhale chidakwa chinaliloweza: ukamva wezulo, imba yako, tenga chibonga, tuluka. Wotsalira m'nyumba ndiye kuti akubisa wakuba. Wopezeka panja alibe wezulo, ameneyo si wathu. Anthu anaomba m'manja mpaka zikhatho kuwawa, ndipo Telala nayenso anaomba.

Woyamba kufa anali mlendo wogulitsa mapoto amene dzuwa linamulowera panjira. Ameneyo, kunena zoona, sanasowetse munthu tulo. Wachiwiri anali wa pachigayo, mbadwa ya momwemo, munthu woti aliyense anadyapo ufa wodutsa m'manja mwake. Anamupeza chisisira chitangogwa, ali chiimire kuseri kwa chigayo, akudzipapasa pachifuwa. Chingwe chinali m'khosi, mfundo yake ili yomanga bwinobwino, koma wezulo panalibe. Anthu ankamuona, ankamudziwa. Koma ukakweza chibonga anzako akukuyang'ana, kuchitsitsa osamenya n'kudziitanira wekha.

Kutacha anthu anayamba kufunsana pachitsime.

"Anayamba kuimba ndani?"

"Ine ndinangoyankha."

"Inenso. Nanga chabedwa n'chiyani?"

Palibe chimene chinabedwa. Palibenso amene anavomera kuti anayamba ndiye. Onse anagwirizana pa chinthu chimodzi chokha: wezulo yoyambayo sinkalira ngati zinazo. Inkalira mosasa, frrr, ngati muli madzi, ndipo mphepo inkabwera ndi kafungo ka nsalu yonyowa imene yagona m'ndowa. Ena ankati katoni ija inagonekedwa kumanda isanagawidwe. Ena ankati pali mfiti imene imayenda masanasana, n'kumachotsa wezulo m'khosi mwa munthu amene yamusankha, mwiniwake osamva kanthu. Apolisi anabwera, anafunsa, aliyense anati anangoyankha, iwo n'kukwera galimoto yawo. A Tivotereni anachititsa msonkhano pabwalo la mpira n'kulengeza kuti umbava watha, ndipo ena a kumidzi ina anayamba kupempha mawezulo awo.

Pamene mayi wogulitsa tomato anafa imfa yomweyo, anthu anali atasiya kulira. Ankapita kumaliro maso ali gwaa, n'kubwerera kukatola makasu. Telala nayenso mtima unali utafa dzanzi. Ankasoka, ankaphika, dzanja lili pachifuwa kawirikawiri, kukhudza ngati kachinthu kofiirako kalipo.

Tsono tsiku lina masana, mwamuna wake, wokonza njinga, anabwera kunyumba nthawi isanakwane, manja ali bii ndi girizi. Anangotsegula mabatani a malaya. Chingwe chinali m'khosi, mfundo ili yomweyo imene Telala anamanga ndi manja ake.

"Mwaiika kuti, bambo?"

"Sindinaivulepo ine."

"Mwina yagwera pamene mumakonza?"

"Ndasesa ponse. Nanga igwa bwanji chingwe chisanaduke?"

Telala anavula yake n'kumupatsa. Mwamunayo anaikankha. "Ndiye iwe utuluka ndi chiyani? Ufe ndiwe kuti ine ndikhale?" Yogula kusitolo sikanathandiza, poti inali yakuda, ndipo katoni ya a Tivotereni inatha kalekale, ndipo bwanayo anati ina ibwera mavoti akawerengedwa. Kuthawanso kunali kosatheka, chifukwa munthu wotuluka m'mudzimo ndi mtolo pamutu ndiye wakuba weniweni amene ankamufuna. Anakhala pamphasa osayang'anana, mthunzi wa nyumba ukutalika pabwalo. Telala anachita mantha, mantha enieni, ndipo anadziwa kuti akangokhala, mwamuna wake sagona m'nyumbamo.

Anadzuka, anatenga siketi imene anapinda m'munsi, n'kupita nayo kwa mwiniwake, mng'ono wake weniweni wa bere limodzi, amene anakwatiwa ndi wopha nyama kuseri kwa msika. Mlamu wakeyo anthu ankamutchula kuti a Butchala, ndipo ndiye ankakhala patsogolo pa gulu nthawi zonse. Chibonga choyamba pa wa pachigayo chinali chake, ndipo ankachita kudzitama nazo.

"Achemwali, mpaka mwabweretsa nokha?" anatero mng'ono wakeyo akuseka. "Lero mvula igwa ndithu. Dikirani ndiyese, mwina mwandisokera thumba la chimanga."

Analowa m'nyumba ndi siketiyo. Kubafa kunkamveka madzi, khwaa, khwaa, a Butchala akutsuka magazi a ntchito yawo. Pamsomali wa kunja kwa bafayo panali malaya, ndipo pamwamba pa malayawo wezulo inkalendewera, madontho a madzi akuigwera. Telala sanaganize nthawi yaitali. Anangoti mumtima: wakhala akugawira anzake, lero alaweko. Zala zozolowera ulusi sizichedwa pa mfundo. Anamasula, anatenga wezulo, anamanganso chingwe mmene chinalili, ndipo pamene mng'ono wake ankatuluka akuzungulirazungulira ndi siketi, iye anali ataima pomwe anamusiya.

"Yakukhala," anatero Telala. "Ndapita."

"Osakhala pansi n'komwe? Inu achemwali, ulendo wanu ngati wokapala moto!"

Atafika kunyumba anaika wezuloyo m'dzanja la mwamuna wake. Iye anaiyang'ana, anayang'ana mkazi wake, osafunsa kumene yachokera. Anaipisa m'chingwe chake, n'kuigunditsa pamlomo monga mmene munthu amachitira ndi chinthu chachilendo.

Frrr.

Inalira mosasa, ngati muli madzi, ndipo m'chipinda monse munadzaza fungo la nsalu yonyowa.

"Mwachita chiyani?"

"Sindinauzire ine! Ndangoigunditsa!"

Nyumba yoyandikana nayo inayankha. Kenako ina, kenako ina, mpaka mudzi wonse unali kulira ngati nkhululu. Zitseko zinatseguka. Telala ndi mwamuna wake anatola zibonga n'kutuluka, poti wotsalira m'nyumba akubisa wakuba. Gulu linathamangira kumsika, palibe amene analiuza kolowera, linangopita ngati madzi otsetsereka. Patsogolo panali a Butchala, thupi likadali lonyowa, wezulo ili pakamwa. Chingwe chake chinali chachifupi, chowathina m'khosi. Telala anachizindikira, chifukwa anachifupikitsa ndi iyeyo, mng'ono wake atadandaula kuti chimamulowa m'mphika akamaphika. A Butchala, atapeza chingwe chawo chilibe kanthu, anali atavula cha mkazi wawo.

Mng'ono wakeyo anali ataima pachipata cha nyumba yake, atavala siketi ija, m'khosi muli mbee. Sanathawe. Ankangoyang'ana nkhope imodziimodzi, zonse zodziwika, mpaka anapeza imene ankaifuna.

"Achemwali! Auzeni! Ndine, achemwali!"

Telala anayamba kukankha anthu kuti adutse, dzanja lili pachingwe chake kuti avule. Mwamuna wake anamugwira mkono mwamphamvu, zala zagirizi zikulowa m'mnofu.

"Akukuyang'ana," anamunong'oneza. "Imba."

Anayang'ana uku ndi uku. Zinali zoona, ankamuyang'ana. Anaika wezulo pakamwa n'kuimba, ndipo anaimbabe mpaka mawu oitana aja atasiya kumveka.

Amene anatenga wezulo ya wokonza njinga sanadziwike, ngakhale amene anatenga ya wa pachigayo kapena ya mayi wa tomato. Kutacha, pachitsime anthu anafunsana amene anayamba kuimba, ndipo aliyense anati anangoyankha. Telala anatunga madzi ake. Misozi anaifunafuna, osaipeza.

Dzuwa litakwera, a Butchala anafika pakhonde pake ndi nsalu yoyera yatsopano m'khwapa.

"Alamu," anatero, "musoke yomuveka. Kaya mupita kukamuyeza?"

"Ayi," anayankha Telala, akulandira nsaluyo. "Msinkhu wake ndikuudziwa."