Kamtsalira ndi Zingwe za Aphunzitsi

Senderani kuno, kokerani mpandowo pafupi, chifukwa izi sindingazinene mokweza.

Woyamba kuiona anali mkazi wa aphunzitsi. Ankaanula zovala dzuwa litangolowa, akuyenda pang'onopang'ono poti anali ndi pakati pa miyezi isanu ndi itatu. Potukula maso anaona nyenyezi yofiira ili m'munsi kwambiri, ngati yakodwa m'nthambi. Kamphepo kanabwera ndi fungo la tsitsi lowauka. Agalu onse anangoti zii.

Nyenyezi zinzake zimatulukira kum'mawa n'kumatsetserekera kumadzulo. Iyi ayi, inkatsala m'mudzimo mpaka kucha, ndiye anthu anaitcha Kamtsalira. Ena ankati ndi mwana wolumala wa nyenyezi, abale ake anamusiya pa ulendo, akufuna wocheza naye. Ena ankati ndi nyali ya mfiti, yapachikidwa kuti mwini wake aziona khomo lolowa. Ukatchera khutu inkamveka tsiii, ngati mafuta pamoto. Anthu anayamba kuvundikira mitsuko ndi kutseka mawindo ndi makatoni. Mwana akailoza chala ankalandira khofi pomwepo.

Sabata isanathe, wapachigayo anamupeza atauma pampando, maso ali kudenga. Kenako anamwalira mayi ake a telala. Telalayo anamangirira makina ake panjinga, nati ine basi. Anakankha njinga tsiku lonse pamsewu wowongoka, madzulo n'kungopezeka wafika pakhonde lake lomwe, fumbi lili mbuu. Ena anayesa njira ya kuminda, chimodzimodzi. Galimoto imene inkafika m'mudzimo nayo sinabwerenso.

Aphunzitsi anali munthu wa mabuku, za ufiti ankaziseka. Anapita kwa mlamu wawo kalipentala, mchimwene wa mkazi wawo, amene nyumba yake inali yoyandikana ndi yawo.

"Alamu, nyenyezi yeniyeni ili kutali zedi. Wina aime kusukulu, wina kuchitsime, onse ailozera mbali imodzimodzi. Koma ngati chinthucho chili pafupi, kuloza kwathu kukumana penapake."

"Kuloza? Chala changa chakulakwirani chiyani?"

"Tilozera zingwe."

"Mlongo wanga anakwatiwa ndi wamisala," anatero kalipentala, koma zikhomo zinayi anasema ndithu.

Madzulo aphunzitsi anakhoma zikhomo ziwiri kusukulu, zolunjika kunyenyezi, kalipentala ziwiri kuchitsime. Aliyense anamanga chingwe n'kumachikoka mowongoka, kudutsa m'mabwalo a anthu. Zingwezo zinapingasana pakhomo pa wokhoma zidebe. Kutacha, pakhomopo panamveka kulira.

"Aphunzitsi apeza phazi la nyenyezi!" Mbiri inawanda. Kuyambira apo, fungo lija likangobwera, mudzi wonse unkawaumiriza kuti akayeze. Banja logweredwa mtanda wa zingwe linkathawira kwa anzawo, koma imfa inkawapeza komweko, imatenga mmodzi. Kudziwa sikunapulumutse munthu, komabe anthu ankafuna kudziwa.

Tsiku lina aphunzitsi akukoka chingwe anaona kuti chikulunjika pakhomo pawo. Cha kalipentala nacho chikubwera chakomweko. Pakhonde panali mkazi wawo, akusoka kamalaya ka mwana. Aphunzitsi anaganiza kuti ngati n'kufa, mkaziyo afe osadziwa, asagone akumvetsera denga.

"Imani kaye!" anakuwa. "Chikhomo changa chagwedera."

Anabwerera kusukulu okha, nazula chikhomo, nachisunthira pambali chala chimodzi chokha. Masamu ankawadziwa: chala chimodzi pachikhomo, kutsogolo ndi nyumba yathunthu. Atakokanso, mtanda unagwera pakhomo pa kalipentala.

Kalipentala anayang'ana zingwezo nthawi yaitali.

"Alamu, mwayeza bwino?"

"Ndayeza bwino."

"Ndiye bokosi langa akhoma ndani? Inu? Ngakhale msomali simuudziwa kumutu kwake." Anaseka yekha. Palibe anamuthandiza kuseka.

Aphunzitsi anachezera kugwira dzanja la mkazi wawo, kudikira kuti lizizire. Kunja kunayera, mkazi ali bwinobwino. Kulira kunachokera kunyumba inayo.

Apo m'pamene anazindikira. Zingwe sizinkapeza nyenyezi ayi. Nyenyezi ndi imene inkatsata zingwe. Mwini wake, kaya ndani, anali atapeza omusankhira makomo, iye n'kupuma.

Atachoka kumanda, mkazi anatseka chitseko.

"Bambo, ndinapita kusukulu. Pachikhomo chanu pali mabowo awiri."

"Ndimafuna iwe usamve."

"Achimwene anakufunsani. Ndinamva ndi makutu angawa."

Aphunzitsi anasonkhanitsa zingwe zonse nazitentha pabwalo anthu akuona, nalumbira kuti sadzayezanso.

Patapita masiku anayi fungo linabwera. Kamtsalira sanayendeyende, anatsika n'kuima pamwamba pa denga lawo lenilenilo. Malata anayamba kuthetheka. Makoma ankachita ngati akusendera mkati. Mkazi anagwira mimba ndi manja onse awiri.

"Wasiya kusuntha," ananong'ona. "Bambo, mwana wasiya kusuntha."

"Ndilibe chingwe," anatero aphunzitsi. "Ndilibenso wondigwirira mbali inayo."

Mkaziyo anawayang'ana ndi maso ouma, opanda msozi. Anadzuka movutikira, natuluka, namasula chingwe cha zovala, nachidula pakati. Kenako analowa m'nyumba ya malemu mchimwene wake n'kutuluka ndi hamala.

"Tiyeni," anatero. "Kuchitsime ndigwira ine. Nyumba musankhe inu, munazolowera."

M'mawindo monse makatoni anali atasunthidwa pang'ono, maso akusuzumira, aliyense akuwerenga mapazi a awiriwo, poti kothawira kunalibe. Kutacha, kulira kunachokera kunyumba ina. Mwanayo anabadwa, wamkazi, wonenepa bwino.

Ndathera pamenepa. Mukapeza wina wa mtima wodekha, chonde mum'fotokozereko nkhaniyi, isangofera mwa ine.