Kaseti Yosowa ku Kasarani

Mtembo wa Reinford unapezeka Lachiwiri m'mawa, m'nyumba ya lendi ku Kasarani mumzinda wa Nairobi, mutu utaphwanyidwa ndi chitsulo choimikapo kamera. Inspekitala Sylvester Mwangi anali ataona mitembo yokwana pa moyo wake. Anangousuzumira n'kupita pa shelefu.

Reinford ankajambula mafilimu olaula n'kumagulitsa mobisa. Makaseti ake anawasanja m'magulu, ndipo pagulu lina panali mpata wa kaseti imodzi.

Magdalene, mayi amene ankaphoda atsikana asanajambulidwe, anafotokoza uku akutafuna chingamu.

"Awa ndi okhala ndi nkhani, bwana: dokotala, nesi, zabodzabodza. Awa wojambula amanyamula kamera m'manja, nayenso ali m'sewero momwemo. Pamene pasowapo ndi pa gulu la kamera yobisika. Amenewo ndiye amayenda malonda."

"Mumajambula anthu asakudziwa?"

"Asadziwe bwanji? Timangochepetsa magetsi kuti zioneke ngati zakuba. Amuna inu mumakonda zobedwa."

"M'kaseti yosowayo muli ndani?"

"Ndaona. Mtsikana wa ku Malawi, amakhala ku Buruburu, mumzinda momwe muno."

Mwangi anayamba wataya nthawi ndi Davide, wogulitsa makaseti amene anakangana ndi malemuyo, koma anapeza kuti munthuyo anali m'chipatala sabata yonse. Lachisanu anapita ku Buruburu. Ndaona ankakhala ndi mchimwene wake Fumbani, wogwira ntchito ku bungwe la mpingo. Pakhonde pankanunkha pulasitiki. M'phulusa la mbaula munali zotsala za kaseti.

Mwangi anatengera Fumbani ku polisi kukamufunsa, ndipo iye sanavute.

"Ndinamupha ndine. Mnzanga wa ku ofesi anandionetsa filimuyo. Pachikuto analembapo poyera kuti mtsikanayo sakudziwa kuti akujambulidwa. Mwana uja ndinakamutenga ndekha kwathu kuti adzaphunzire kuno. Galu ameneyo anamutchera msampha, ine ndikanangokhala?"

"Mlongo wanuyo munamufunsa?"

"Zoterezi munthu amafunsa mlongo wake?"

Mwangi anali ndi zonse zofunika kukhoti. Akanatha kutseka nkhani pomwepo. Koma ntchito inamuzoloweza kusasiya kanthu kali kobisika, choncho anaitanitsa Ndaona.

Ndaona analowa atazyolika m'chipinda momwe munali Fumbani, n'kukhala pansi pafupi ndi chitseko.

"Achimwene, palibe anandinamiza. Ndinapita ndekha. Tinachita kubwereza chifukwa ndinkangoyang'ana ku kamera."

"Koma analemba kuti..."

"Amalemba choncho pa onse, achimwene. Ndi dzina chabe la mtundu wa filimu."

Fumbani sanalire, sanamutukwane. Anatembenukira kwa Mwangi.

"Bwana, ndinavomera kale. Mwamuitaniranji? Ndikanapita kundende ndikudziwa kuti ndinapulumutsa munthu."

Mwangi anauza wapolisi wapakhomo kuti amutenge, ndipo Fumbani anadutsa pafupi ndi mlongo wake osamuyang'ana.